MASALA: ZOKOMETSERA NDIWO ZA KU INDIA

Munthu woyandikira msika wa zakudya m'mzinda uli wonse wa ku India amamva pfungo asanaone malonda. Ogulitsa amakhala pakati pa matumba otsegula, ena odzala ndi njere, ena makungwa, ena mizu youma, ena tsabola wofiira. Zinthu zimenezi sizikhutitsa. Palibe munthu angadye mbale ya njere zotere monga adyera mbale ya nyemba. Koma mai wa ku India, ngakhale ali wosauka, sacoka pamsikapo wopanda kathumba ka zina mwa izo.

Cifukwa cace ncosabvuta kumva. Cakudya ca masiku onse ca anthu ambiri a m'dzikomo ndico mpunga kapena mikate yopyapyala ya tirigu, ndipo ndiwo zace ndi nandolo, mphodza, mbatatesi ndi masamba. Mabanja ambiri sadya nyama konse cifukwa ca cipembedzo cao. Tsono nandolo wa lero akafanana ndi wa dzulo ndi wa dzana, ana amatopa naye, nayamba kusiya cakudya m'mbale. Mai wodziwa kusanganiza zonunkhira akhoza kuphika nandolo yemweyo sabata lonse, a pabanja pace osadandaula, pakuti tsiku liri lonse ndiwozo zimakoma mwa njira yina.

Zonunkhira zosanganiza pamodzi zichedwa masala m'cinenero ca Cihindi. Masala alipo a mitundu yambiri, koma odziwika koposa ndiwo garam masala. Mau akuti garam atanthauza cinthu cotentha, koma kutentha kumeneku sindiko kuwawa kwa tsabola wofiira ai. Asing'anga akale a ku India anaphunzitsa kuti zakudya zina zimafunditsa thupi, zina zimaliziziritsa, ndipo zonunkhira za m'masala awa anaziwerengera pa zofunditsa. Garam masala amakondedwa makamaka kumpoto kwa dzikolo, ku Punjab ndi ku Delhi, kumene kumazizira kwambiri mu Disembala ndi Januwale.

ZIMENE ZILOWAMO

Njere zimene zimaculuka m'masala ndizo dhania ndi jeera, cifukwa nzotsika mtengo ndipo pfungo lao limagwirizana ndi ndiwo ziri zonse. Njere za dhania nzozungulira, zazikulu ngati mapira, ndipo zikaphwanyidwa zimanunkhira pang'ono ngati khungu la lalanje. Za jeera nzazitali ndi zopyapyala monga njere za udzu, koma pfungo lace nlamphamvu. Jeera amakonda dziko louma, ndipo wambiri amalimidwa ku Gujarat ndi ku Rajasthan, kumadzulo kwa India.

Tsabola wakuda sali pa cibale ndi tsabola wofiira wa m'dimba. Iye ndi cipatso ca comera coyanga cimene cimakwera m'mitengo ku Kerala, m'mbali mwa nyanja kumwera kwa India, kumene mvula imagwa yambiri. Tizipatso tace amatithyola tikali tobiriwira, natiyanika pa dzuwa masiku angapo kufikira titada ndi kukwinyika. M'mapiri a dera lomwelo, pa mthunzi wa mitengo ikuluikulu, mumamera elaichi. Ameneyu ali ndi timakoko tobiriwira, ndipo m'kati mwa kakhoko kali konse muli njere zakuda zonunkhira bwino koposa. Elaichi ndi mmodzi wa zonunkhira zokwera mtengo kwambiri pa dziko lonse, cifukwa timakokoto timathyoledwa ndi manja, kamodzikamodzi, pakuti sitikhwima tonse nthawi imodzi.

Dalchini ndi khungwa la mtengo limene limapindika lokha pouma. Lopyapyala ndi lofewa limacokera pa cisumbu ca Sri Lanka, koma ophika ambiri a ku India amagwiritsa nchito khungwa lokhuthala la mtengo wina wa mtundu womwewo. Masamba ouma ochedwa tej patta amacokeranso ku mtengo wa banja lomweli.

Laung ndi maluwa osamasula a mtengo umene kwao ndi ku zisumbu za Maluku, m'dziko la Indonesia. Amawathyola asanatseguke, nawayanika kufikira atadera, ndipo akauma amaoneka ngati timisomali. M'zaka za m'ma 1800 Aluya anadzala mitengo imeneyi pa zisumbu za Zanzibar ndi Pemba, kumene auchula karafuu. Minda ya Sultan Seyyid Said ndi ya anthu ace inalimidwa ndi akapolo, ndipo ambiri a akapolowo anagwidwa m'maiko ozungulira Nyanja ya Malawi. Kanthu kakang'ono kotere kanaliritsa midzi yambiri. Ku zisumbu za Banda, m'dziko lomwelo la Indonesia, kunacokera jaiphal, njere yolimba yaikulu ngati nthudza, imene amathirako pang'ono cabe.

Pali zinthu ziwiri zimene zimapezeka m'nyumba iri yonse ya ku India koma kawirikawiri sizilowa mu garam masala. Coyamba ndi haldi, muzu wofanana ndi jinja, umene amauphika, nauyanika, naupera kukhala ufa wacikasu. Caciwiri ndi tsabola wofiira. Anthu ambiri amayesa kuti tsabolayu ngwa ku India cikhalire, koma si tero. Kwao ndi ku America, monganso cimanga, cinangwa, nshawa ndi matimati. Mu 1497 Vasco da Gama anacoka ku Lisbon ndi zombo kukafuna njira ya panyanja yofikira ku dziko la tsabola wakuda. Anazungulira nsonga ya kumwera kwa Africa, naima pa cisumbu ca Mozambique ndi ku Malindi, nafika ku Calicut mu Meyi 1498. Apwitikizi amene anamtsata analanda Goa mu 1510, ndipo ndiwo anabwera nazo mbeu za tsabola wofiira. Anadza kudzagula tsabola wa mtundu umodzi, nasiya wa mtundu wina, ndipo lero India amakolola tsabola wofiira wouma kuposa dziko liri lonse.

KUMENE PFUNGO LIKHALA

M'kati mwa njere iri yonse ya zimenezi, ndi m'khungwa, ndi m'duwa louma, muli timadontho ta mafuta tocepetsetsa. Pfungo liri m'mafutamo. Munthu akhoza kudzionera yekha: akakanikiza laung wabwino ndi cikhadabo, pamatuluka kamafuta kowala, ndipo cala cimanunkhira nthawi yaitali. Koma mafuta amenewa sali ngati a nshawa, amene amakhala m'botolo miyezi yambiri osacepa. Awa amauluka, monga petulo wotayikira pansi auma pa kanthawi.

Njere ikali yathunthu, khungu lace limatsekera mafutawo, ndipo ikhoza kusungika caka conse kapena kupitirira. Ikangophwanyidwa, mafuta amayamba kuthawa, ndipo ufa umene unali kununkhira lero udzakhala ngati utuci pakapita miyezi ingapo. Moto nawo uli ndi nchito ziwiri. Wocepa umadzutsa mafuta ogona m'njere, nupatsa njereyo kukoma kwatsopano. Wambiri umawapitikitsa, nusiya makala owawa. Nzeru zonse za wopanga masala ziri pamenepa: kuturutsa pfungo pa nthawi yace, ndi kuligwira lisanathawe.

KUSANKHA NDI KUYESA

Mai wanzeru amagula zonunkhira zathunthu, osati zoperapera. Cifukwa cimodzi ndico cimene canenedwa kale, cina ndico cinyengo ca ogulitsa ena. Mu ufa munthu akhoza kubisamo ciri conse, ufa wa mpunga, mankhusu, ngakhale utoto. Mu 2019 ofufuza a ku Stanford University ndi anzao a ku Bangladesh anaonetsa kuti okonza haldi ena m'dziko limenelo anali kupaka mizu utoto wacikasu wokhala ndi mtovu kuti ioneke yowala, ndipo mtovu umaononga ubongo wa ana. Ngakhale njere zathunthu zifuna maso. Njere zouma za papaya zimafanana ndithu ndi tsabola wakuda, ndipo ena amazisanganiza. Woziponya m'kapu ya madzi adzaona tsabola wokhwima ali kumira, njere za papaya zitayandama. Elaichi wabwino ali ndi makoko obiriwira ndi odzala. Oyezuka ndi opepuka ngakale.

Atafika nazo kunyumba, mai amazipeta m'licero, nacotsa timiyala ndi timitengo, naziyanika pa nsalu yoyera maora angapo kuti cinyontho cicoke. Pamenepo amayesa. Muyeso umodzi wokwanira banja la anthu 5 kapena 6 ndi uwu: masupuni akulu 4 a dhania, 2 a jeera, 1 ya tsabola wakuda, makoko 12 a elaichi, laung 10, khungwa la dalchini lotalika ngati cala, masamba 2 a tej patta, ndi limodzi la magawo anai a njere ya jaiphal.

Zonsezi zikaperedwa zimapereka ufa wokwana pafupifupi theka la kapu, ndiwo masupuni akulu 8 kapena masupuni a tiyi 24. Mphika umodzi wa ndiwo ufuna theka la supuni ya tiyi. Motero muyeso umenewu ukometsa miphika 48, ndipo banja lophika nawo kamodzi pa tsiku liumaliza pa mwezi ndi theka, pfungo lisanacepe. Wopanga zambiri nthawi imodzi kuti apumule amataya ndalama, pakuti za pansi pa botolo adzazipeza zitasukuluka.

KUKAZINGA

Apa ndi pamene masala amakomera kapena kuonongekera. Amwenye amakazingira pa citsulo cophwaphwatha cochedwa tava, koma ciwaya cokhuthala kapena phale lokazingira nshawa licita cimodzimodzi. Sathirapo mafuta kapena madzi. Moto uyenera kukhala wofatsa, monga makala a pa mbaula amene ayamba kubvala phulusa. Malawi a nkhuni amatentha ciwaya mbali imodzi ndipo safunika.

Mtundu uli wonse ukazingidwa pa wokha, cifukwa njere sizipsa pamodzi. Dhania ndiye ayamba. Mai amamtakasa ndi mthiko kosalekeza mphindi 2 kapena 3, kufikira njere zitayamba kufiirira ndipo pfungo litakwera. Pomwepo amakhuthulira m'mbale, osadikira, pakuti ciwaya cotentha cimapitiriza kuocha ngakhale atacicotsa pa moto. Jeera ndi wopyapyala ndipo amapsa msanga, mwina pa mphindi imodzi yokha. Wokazinga jeera sayankha moni wa mlendo ali pakhomo asanakhuthule. Tsabola wakuda atsata, ndipo pambuyo pace khungwa lobenthulabenthula, laung, njere za elaichi zocotsa m'makoko, ndi masamba. Izi zomalizazi zingofuna kufunda, ndipo ambiri amaziika pa ciwaya atacicotsa kale pa moto. Jaiphal sakazingidwa konse. Amampala pa cokwecera, kapena ndi mpeni, nathira mu ufa potsiriza.

Pa nchito imeneyi mphuno iposa koloko. Pfungo lokoma likangofika, njere zapsa. Utsi ukaoneka, zapserera, ndipo palibe mankhwala ace. Mtsikana amene angoyamba kuphunzira amacita cisoni kutaya jeera wopserera, namsanganiza ndi zinazo poganiza kuti sadzamveka. Amamveka ndithu. Masupuni awiri a jeera wakuda amawawitsa botolo lonse, pamodzi ndi elaichi amene anagulidwa ndi ndalama zambiri. Ubwino wa kukazinga padera ndi womwewu, kuti cimodzi cikaonongeka zinazo zimapulumuka.

Si onse amakazinga. Mabanja ena amati dzuwa likwana, makamaka pa elaichi ndi laung, amene pfungo lao silicedwa kuthawa. Ku Gujarat ndi ku Maharashtra nyengo yotentha ndi ya Malici, Epulo ndi Meyi, mvula isanayambe mu Juni. Pa miyezi imeneyo akazi amayanika tsabola wofiira, haldi ndi dhania pa mabwalo ndi pamwamba pa nyumba, nakonzeratu ufa wa nyengo ya mvula, monga akazi a kumidzi ya m'Zambia akonzera mfutso wa masamba. Koma garam masala, amene ali ndi zokwera mtengo, ophika osamala amawapanga pang'onopang'ono.

KUPERA NDI KUSUNGA

Zokazingazo ziyenera kuzizirira konse zisanaperedwe. Njere zotentha zimatuluka thukuta m'mtondo, ndipo ufa wace umagwirana mibulu. Kale nyumba iri yonse ya ku India inali ndi mphero, mwala wophwaphwatha ndi mwana wace, zimene Amwenye azicha sil batta, ndiponso kamtondo ka citsulo kapena ka mkuwa. Lero ambiri a m'mizinda amaperera m'kacigayo ka magetsi, kamene kamatsiriza nchito pa mphindi imodzi, ngakhale agogo ena amati kamatenthetsa ufa ndi kucepetsa pfungo. Mtondo wa mtengo wosinjira cimanga suyenera, cifukwa mtengo umamwa mafuta, ndipo nsima ya mawa lace idzanunkha laung.

Zolimba ndizo ziyamba kusinjidwa, khungwa ndi tsabola, ndipo zofewa zitsata. Nkwabwino kuphimba kamtondo ndi nsalu yoboola pakati polowera munsi, kuti njere zisadumphe ndiponso kuti wosinja asayetsemule. Ufa usefedwa ndi sefa wa maso ang'onoang'ono, ndipo zotsala m'sefa zibwerera m'mtondo kawiri kapena katatu. Zimene zakanika kupereka sizitayidwa. Amazimanga m'kansalu naziponya m'mphika wa mpunga kapena wa msuzi.

Adani a ufa wotere ndi mpweya, dzuwa, kutentha ndi cinyontho. Malo ace ndi botolo la galasi louma bwino, lokhala ndi cibvundikiro cothina, loikidwa pa mdima kutali ndi moto. Ambiri amalakwa posunga botolo pafupi ndi mphika kuti likhale pa dzanja, kapena poliweramitsa pamwamba pa ndiwo zobwadamuka. Nthunzi imalowa, ufa nuuma gwa, ndipo m'dzinja umacita cuku. Supuni yotapira ikhale youma nthawi zonse.

KUTHIRA M'NDIWO

Pafupi ndi moto mai wa ku India amaika mbale yozungulira ya citsulo yokhala ndi cibvundikiro, yochedwa masala dabba. M'kati mwace muli timakapu, kawirikawiri 7, ndipo m'menemo amaikamo zocepa zimene adzaphikira masiku owerengeka: haldi, tsabola wofiira wopera, ufa wa dhania, njere za jeera, njere za mpiru, garam masala, ndi cina cimene banjalo likonda. Ciri conse ciri ndi nthawi yace yolowera m'mphika, ndipo kaphikidwe ka nandolo kaonetsa bwino zimenezi.

Nandolo wace ndi wouma, wocotsa makoko ndi wogawika pakati, amene Amwenye amucha toor dal. Amamdya wambiri kotero kuti minda yao simkwanitsa, ndipo caka ndi caka amagula wina ku Mozambique, ku Tanzania ndi ku Malawi. Mai amamphika ndi madzi ndi haldi pang'ono kufikira atafewa ngati phala, nathira mcere. Haldi amalowa poyamba cifukwa wosapsa amamveka dothi m'kamwa.

Pamenepo amatenthetsa mafuta m'kaciwaya, naponyamo njere za mpiru. Zikayamba kuthetheka amaonjeza njere za jeera, kenaka anyezi, adyo, jinja ndi tsabola, ndipo anyezi akafiira amathira matimati ndi ufa wa dhania. Mafuta ophikira amagwira pfungo limene madzi sangagwire, ndipo amalifalitsa m'ndiwo monse. Zonsezi amazikhuthulira m'mphika wa nandolo zikali kuwira, mphika nulira kuti tsweee. Kacitidwe kameneka kachedwa tadka m'Cihindi, ndipo m'Cigujarati vaghar.

Garam masala ndiwo amalowa potsiriza penipeni. Mai amaphula mphika, nawaza theka la supuni ya tiyi pamwamba, nabvundikira msanga, nadikira mphindi 5. Masalawa anapsa kale pa ciwaya, ndipo safuna moto wina. Wowathira poyamba ndi kuwawiritsa ora lonse amadyetsa anansi ace pfungo, a m'nyumba mwace nadya nandolo wosukuluka. Kuculutsa nakonso nkoipa. Laung wambiri amacititsa lilime dzanzi, ndipo ndico cifukwa cace mafuta ace akhala mankhwala a dzino lowawa kuyambira kale. M'ndiwo dzanzi lotere silifunika. Theka la supuni lomwelo likometsa nyemba, kabici, mbatatesi, mazira kapena nkhuku.

NYUMBA IRI YONSE NDI MASALA ACE

Muyeso wolembedwa pamwambapa ndi umodzi mwa miyeso yambirimbiri. India ndi dziko lalikulu, la anthu opitirira 1,400,000,000, ndipo dera liri lonse limaphika mwa njira yace. Ku Bengal, kum'mawa, garam masala ao kawirikawiri ali ndi zinthu zitatu zokha, elaichi, dalchini ndi laung. Komweko amasanganizanso njere za mitundu isanu zosapera, zochedwa panch phoron, zimene amaziponya zathunthu m'mafuta otentha. Kumwera, ku Tamil Nadu, amakazinga dhania ndi tsabola wofiira pamodzi ndi nyemba zazing'ono zouma, napera zonse kukhala ufa wophikira sambar, msuzi wa nandolo ndi masamba. Ku Gujarat ufa wa masiku onse ndiwo dhania ndi jeera zoperera pamodzi. Ngakhale nyumba ziwiri zoyandikana sizifanana: uyu aculutsa tsabola, uyo elaichi. Mtsikana amaphunzira muyeso kwa amace poyang'ana dzanja lao, ndipo akakwatiwa ayenera kuphunziranso wa apongozi ace.

Nanga ufa wacikasu wa m'citini kapena m'pepala, umene umagulitsidwa m'masitolo ndi dzina la curry, ngwotani? Umenewu unayamba ndi Angerezi. Akatswiri ambiri a zinenero amati dzinali linacokera ku mau a Citamil akuti kari, ndiko kunena ndiwo. Angerezi amene anakhala ku India anazolowera zakudya za kumeneko, ndipo pobwerera kwao anazilakalaka. Buku la zophika la Hannah Glasse, losindikizidwa mu 1747, linali kale ndi kaphikidwe ka curry, ndipo m'zaka za m'ma 1780 ufa wosanganiziratu unali kugulitsidwa ku London. Mwa ufa umenewu mumaculuka haldi ndi dhania, zimene nzotsika mtengo. Uli ndi nchito yace, ndipo wathandiza ophika ambiri ofulumira. Koma ndi ufa umodzi wa ndiwo zonse, woperedwa miyezi yambiri usanafike kwa wogula, ndipo nyama, nsomba ndi nyemba zophikira iwo zimatuluka ndi mtundu umodzi ndi kukoma kumodzi.

Amwenye a ku Gujarat anayamba kufika m'dziko limene tsopano ndi Zambia ca m'ma 1905, ndipo ena oyamba anakhazikika ku Fort Jameson, mzinda umene lero uchedwa Chipata. Anadza ndi maphikidwe ao, ndipo mpaka lero njere zathunthu zimapezeka m'masitolo ena a ku Chipata, ku Ndola, ku Livingstone ndi ku Kamwala mu Lusaka. Wosapeza zonse asaleke. Dhania, jeera ndi tsabola wakuda zokha, zokazinga bwino ndi kuperedwa tsiku lomwelo, zimaposa ufa wa zinthu khumi umene wagona caka m'sitolo.

Laung, elaichi ndi jaiphal zifuna dziko la mvula yambiri ndi cinyontho ca caka conse, koma dhania amamera bwino m'dimba la sukulu pa nyengo yozizira, kuyambira Epulo kapena Meyi. Kambulu kali konse ka dhania kali ndi mbeu ziwiri m'kati, ndipo alimi amayamba akapsinja pang'ono ndi thabwa kuti kagawike asanafese. Mbeuzo zifesedwa m'mizere pamalo pomwe zidzakulira, pakuti dhania sakonda kuokeredwa, ndipo zithiriridwa nthaka isanaume. Masamba ace anthete amadyedwa m'ndiwo pakapita masabata 5 kapena 6. Zomera zosiyidwa zimacita maluwa oyera, ndipo pa miyezi 3 kapena 4 njere zimasanduka zotuwa. Pamenepo mlimi amadula mapesi m'mamawa mame asanaume, kuti njere zisayoyoke, nawamanga m'mitolo, nawapacika pa mthunzi pamwamba pa nsalu kufikira njere zitagwa zokha.

MAFUNSO

1. Kodi mau akuti garam ndi masala atanthauzanji?
2. Chulani maiko kumene kunacokera tsabola wakuda, laung ndi tsabola wofiira. Apezeni pa mapu.
3. Cifukwa ninji njere zathunthu zimasungika nthawi yaitali kuposa ufa?
4. Cifukwa ninji jeera sakazingidwa pamodzi ndi dhania?
5. Mai wina amathira theka la supuni ya tiyi ya masala m'ndiwo kawiri pa tsiku. Kodi masupuni akulu 8 adzamkwanira masiku angati?
6. Fotokozani kusiyana kwa nthawi yothira haldi ndi nthawi yothira garam masala.
7. Tengani nshawa zaziwisi, zokazinga bwino ndi zopserera. Zinunkhizeni, zilaweni, ndipo lembani zimene mwapeza.